Du Chisiza Jr, mnyamata amene anasandutsa sewero kukhala nchito ya malipiro

Pa 24 February 1999 dziko la Malawi linataya Dunduzu Chisiza Junior, amene anthu onse anali kungomuitana kuti Du. Anali ndi zaka 35 cabe. Patapita masiku 36, pa 1 April caka comweco, Malawi inatsegula wailesi yakanema yake yoyamba. Munthu amene kwa zaka khumi ndi ziwiri anali kukoka anthu kuti akaonere masewero m'maholo anaphonyana ndi kamera ya dziko lake ndi masabata asanu okha. Ife kuno ku Zambia TV inatifikira kale mu 1961 ku Kitwe, conco cimativuta kuganiza kuti kwa aneba athu, mu ulamuliro wonse wa Dr Hastings Kamuzu Banda, wosewera analibe koonekera kwina kupatula pa siteji. Ngati si pa siteji ndiye pa wailesi ya MBC, kumene kunali kumveka mau cabe, nkhope osaoneka.

Nkhani yake ndaitenga sabata ino cifukwa ca zimene tiona mu Lusaka masiku ano. Ku Matero, ku Kanyama, ku Chawama ndi ku Mtendere anyamata ndi atsikana ali pa foni kujambula tumasewero, twina twa nthabwala twina twa cikondi, ndipo aliyense alota tsiku limene a Zambezi Magic adzamuitana. Makolo nao funso lao ndi lomwe lija la kale, lakuti kodi zimenezi zidzakudyetsa. Du anayesa kuyankha funso limeneli m'dziko limene linali lothina kupambana lathu, ndipo njira imene analambula ndi imene ena anadzayendamo mpaka kufika pa filimu.

Dzina la Chisiza linali lolemera kale iye asanabadwe. Inu amene mumapita ku Longacres mwina munaonapo cikwangwani ca Dunduza Chisidza Crescent. Kalembedwe kanasokonekera pang'ono, koma mseu umenewo ndi wa atate ake a Du, a Dunduzu Kaluli Chisiza a ku Karonga. Iwo anathamangitsidwa ku Salisbury mu 1956 cifukwa cothandiza kuyambitsa City Youth League pamodzi ndi a James Chikerema ndi a George Nyandoro. Mu 1959, pa nkhondo yokana citaganya ca Rhodesia ndi Nyasaland, anatsekeredwa m'ndende ya ku Gwelo pamodzi ndi a Banda eni ake. Atatuluka anakhala mlembi wamkulu wa Malawi Congress Party. Anali munthu wa mabuku ndi wa za cuma, ndipo m'zolemba zao anacenjeza poyera kuti maiko a mu Africa akalandira ufulu angathe kugwera m'manja mwa munthu mmodzi wolamula mwankhanza. Kuciyambi kwa September 1962 galimoto yao inapezeka itagwera pa mlatho wa Thondwe, pa mseu wa pakati pa Blantyre ndi Zomba, iwo atafa. Anali ndi zaka 32. Boma linati ndi ngozi, koma ambiri mpaka lero sakhulupirira. Du anabadwa pa 26 March 1963, atate ake atagona kale m'manda miyezi yoposa isanu ndi umodzi.

Atate ake aakulu, a Yatuta Chisiza, anali nduna yoona za m'dziko pamene Malawi inalandira ufulu mu July 1964. Pasanathe miyezi itatu nduna zingapo zinayambana ndi a Banda, ndipo a Yatuta anathawa m'dzikomo. Mu October 1967 anabwerera ndi kagulu kocepa ka anthu a mfuti ca ku Mwanza, asilikali a boma nakawapha konko. Du apo anali ndi zaka zinai. Tangoganizani mwana kukula ndi dzina lotere m'dziko la cipani cimodzi: kwa ena ndiwe mwana wa ngwazi ya ufulu, kwa ena ndiwe wa pa banja la cigawenga, ndipo onse akuyangana zimene udzacita.

Zimene anacita zinayambira ku sukulu. Anaphunzira sekondale pa Henry Henderson Institute, sukulu ya mishoni ya CCAP mu Blantyre imene anthu amangoti HHI. M'masiku amenewo bungwe la aziphunzitsi a Cizungu, lochedwa ATEM, linali kucititsa mpikisano wa masewero a masukulu caka ndi caka, monga mmene NASAAZ icitira kuno kwathu. Colinga ca aziphunzitsiwo cinali cakuti ana azolowere kukamba Cizungu, koma mpikisanowo unasanduka nkhokwe ya osewera a dziko lonse. Mu 1982 Du analemba ndi kutsogolera sewero lake lochedwa The Deceased's Attack, ndipo linapata mphoto yoyamba pa mpikisano wa dziko lonse. Mwana wa munthu amene anafa imfa yokaikitsa kulemba sewero la wakufa amene abwera kudzaukira amoyo, mutu wokhawo unali wokwanira kuti anthu acherere khutu.

Caka cotsatira, ali ndi zaka 20, anacita cinthu cimene ine ndiona kuti ndico cimaonetsa bwino mtima wake kupambana mphoto ija. Anayambitsa kagulu kochedwa Wakhumbata Workshop Theatre kuti asonkhanitse anzake amene anaoneka aluso pa mpikisano wa masukulu. Vuto limene anaona ndi lomwe tili nalo mpaka manje. Mwana amawala pa siteji ya sukulu, aphunzitsi namunyamula pa mapewa, koma akangolemba mayeso otsiriza zonse zathera pompo. Mtsikana uja anatiliritsa pa sewero mudzamupeza agulitsa salaula pa Soweto, mnyamata uja anali mfumu pa siteji ali pa njinga yamoto kunyamula anthu. Si kuti nchito zimenezo ndi zoipa ai, koma luso lija lafa cifukwa panalibe pena polipereka. Du anafuna kuti pakhale pena pamenepo.

Caka ca 1983 cinali coopsa ku Malawi. Mu May nduna zitatu, a Dick Matenje, a Aaron Gadama ndi a Twaibu Sangala, pamodzi ndi phungu a David Chiwanga, anaphedwa ku Mwanza, boma nkulengeza kuti afa pa ngozi ya galimoto. Kwa banja la Chisiza mau akuti ngozi ya galimoto sanali acilendo. Du anacoka napita ku America, kumene anakaphunzira za masewero mumzinda wa Philadelphia mpaka kupata digiri ya masters. Akulu anati mwana wa ng'ona sakulira dziwe limodzi. Cacilendo ndi cakuti ng'ona imeneyi inabwerera ku dziwe lake pa nthawi imene ophunzira ambiri a ku Malawi anali kufuna njira yotulukira. Anafika mu 1987, caka cimene apolisi anagwira mlakatuli Jack Mapanje ku Zomba nakamutsekera ku Mikuyu, kumene anakhala mpaka 1991 osaonekera m'khoti ngakhale tsiku limodzi.

M'caka comweco ca 1987 Du anakhazikitsa Wakhumbata Ensemble Theatre, imene imadziwika kuti ndiyo kampani yoyamba ya masewero ku Malawi imene anthu ake analibe nchito ina koma kusewera. Apa tiyenera kumvetsana bwino, cifukwa masewero ku Malawi sanayambe ndi Du. Ku Chancellor College ku Zomba kunali gulu la Travelling Theatre limene linali kuyenda m'maboma, mofanana ndi Chikwakwa ya pa UNZA imene inayamba ca m'ma 1970 kupereka masewero m'zinenero zathu m'zigawo. Munthu ngati David Kerr anaphunzitsa pa masukulu onse awiriwa. Pa MBC panali Kapalepale, Pamajiga ndi Sewero la Sabata Ino. Panalinso Kwathu Drama Group imene inali kusewera m'Cicewa. Koma ambiri mwa anthu amenewa anali ndi podalira pena: uyu ndi mphunzitsi, uyu ndi kalaliki mu ofesi, uyu ndi wophunzira amene adya ku kafeteriya ya yunivesite. Sewero linali la madzulo ndi la kumapeto kwa sabata. Du anati likhale la m'mawa mpaka madzulo, Lolemba mpaka Lamulungu, ndipo malipiro acokere pa geti.

Amene anayesako kuyendetsa gulu la masewero adziwa kulemera kwa mau akuti pa geti. Holo ufunika kulipira usanadziwe ngati kudzabwera anthu. Galimoto yonyamula osewera ndi katundu ifuna mafuta, kaya holo idzale kaya isadzale. Mapepala oitanira anthu afunika kusindikiza ndi kumata. Osewera afunika kudya pa masabata onse okonzekera, pamene palibe ngakhale ngwee imene yalowa. Ndiye mvula ikagwa madzulo a tsikulo, kapena m'deralo mukagwa maliro a munthu wamkulu, ndalama zonse zija zapita. Kampani yotere siingakhale ndi sewero limodzi caka conse, cifukwa anthu a m'tauni imodzi akaliona kawiri atopa nalo. Ifunika catsopano nthawi ndi nthawi, ndipo ifunika kuyenda. Nkaona Wakhumbata inali kusewera pa French Cultural Centre mu Blantyre, kenaka nkunyamuka kupita m'maholo ndi m'masukulu a sekondale m'zigawo zina. Nkaonanso Du analemba kwambiri: masewero ake enieni apitirira 20, ndipo anathandiza kulemba kapena kutsogolera ena pafupifupi 25. Ena amati kunali kuculuka kwa luso. Zoona, koma inalinso njala. Wolemba amene ali ndi anthu oyembekezera malipiro sadikira kuti mzimu umufikire.

Pamwamba pa zonsezo panali bungwe loona zoyenera kuonetsedwa. Lamulo la 1968 la Censorship and Control of Entertainments linafuna kuti sewero lililonse liperekedwe ku bungweli lisanaonetsedwe, ndipo anthu a m'bungwemo anali ndi mphamvu yodula mizere kapena kuletsa sewero lonse. Kwa gulu la pa sukulu, kuletsedwa kunali kukhumudwa cabe. Kwa kampani yodya za pa geti, kuletsedwa kunali miyezi ya nchito yotayika ndi lendi yosalipira. Ndipo munthu sanali kuopa bungwe lokha. M'holo munali kukhala makutu a cipani ndi a Malawi Young Pioneers, ndipo ndende zopanda mlandu zinali zotsegula.

M'malo otere wolemba amaphunzira kukamba mozungulira. Mcewa wa ku Chadiza izi sizimudabwitsa. Pa gule wamkulu cilombo cimatha kunyodola mwamuna waulesi, mzungu wodzikuza, ngakhale munthu waudindo, onse nkuseka, ndipo palibe amene angagwire munthu cifukwa amene wavina si munthu koma cilombo. Siteji ya ku Malawi m'zaka zimenezo inali kugwira nchito mofananako. Pa pepala lopita ku bungwe lija pamakhala nkhani ya banja kapena ya kampani, koma mmene wosewera waimira, mmene wakwezera mau, pamene wakhalira cete, ndi zimene zinali kuuza anthu kuti nkhani ili pa yani. Tengani mutu wa sewero lake lina, Papa's Empire. M'dziko limene mtsogoleri anali kuchedwa nkhoswe ndi tate wa fuko, ndiponso anali mwini wa kampani yaikulu ya Press imene inali ndi dzanja m'fodya, m'masitolo ndi m'mabanki, panalibe cifukwa cofotokozera munthu kuti Papa ndani. Ena mwa masewero ake amene anthu amakumbuka ndi Fragments, Educating Mwalimu, Barefoot in the Heart, Tatuya Futi, De Summer Blow ndi Kabuha Tragedy.

Mwaona kuti mitu yambiri ili m'Cizungu, ndipo apa ndi pamene ine ndili ndi mlandu naye. Du analemba kwambiri m'Cizungu, ndipo anthu ake anali a m'tauni, a m'maofesi ndi ana a sekondale. Kwathu ku Zemba akuluakulu amene anali kuchera MBC pa wailesi za mabatire mukawachulira Izeki ndi Jakobo, a John Nyanga ndi a Eric Mabedi aja a ku Kwathu, amayamba kuseka musanatsirize. Mukawachulira Du ambiri adzangokuyanganani. Munthu amene anali kukamba za kuponderezedwa kwa anthu wamba anali kukamba m'cinenero cimene anthu wambawo ambiri sanali kumva. Komabe tisamuweruze mofulumira. Anakulira m'mpikisano wa ATEM umene unali wa Cizungu. Anali wa kumpoto, m'dziko limene boma linacotsa Citumbuka pa wailesi mu 1968 nkukweza Cicewa ca mtsogoleri, kotero kwa munthu wa ku Karonga kusankha cinenero sikunali nkhani yopepuka monga mmene ife a kum'mawa tingaganizire. Ndiponso amene anali ndi ndalama ya tikiti anali omwewo a Cizungu. Kampani yodya za pa geti imatsata kumene kuli matumba.

Manje tifike pa cimene cinadabwitsa anthu ambiri. Mphepo imene inagwetsa UNIP kuno mu October 1991 inaoloka malire. Pa 8 March 1992 mabishopu a Katolika ku Malawi anawerengetsa m'machalichi kalata yodzudzula boma. Mwezi wotsatira a Chakufwa Chihana anagwidwa pa bwalo la ndeke la Lilongwe akucokera ku msonkhano kuno ku Lusaka. Pa 14 June 1993 anthu pafupifupi awiri mwa atatu alionse anavotera zipani zambiri, ndipo kumpoto, kwao kwa a Chisiza, pafupifupi onse anakana cipani cimodzi. M'nyengo imeneyi Du analemba Democracy Boulevard. Aliyense anali kuyembekezera kuti mwana wa a Dunduzu, mwana wa pa banja la a Yatuta, wolemba Papa's Empire, adzakhala kutsogolo kwa ofuna kusintha. M'malo mwake, m'caka comweco ca 1993, analowa MCP, nakhala phungu, a Banda nkumupatsa unduna wa acinyamata, masewera ndi cikhalidwe. Anali ndi zaka 30.

Anthu amakambapo mosiyanasiyana. Ena amati cipanico anacimanga ndi atate ake, conco anali kubwerera pa nyumba ya makolo. Ena amati anaona mpata wocitira kanthu aluso anzake ali mkati mwa boma, popeza kunja anali atagogoda kokwanira. Ena amangoti anagulidwa. Ine ndiona kuti kaya colinga cinali cotani, malonda amenewa anamudyera. Cipani cokalamba cinafuna nkhope ya mnyamata wochuka wa kumpoto pa nthawi imene cinali kumira, ndipo cinaipeza. Iye anapeza mpando wa miyezi yowerengeka. Pa masankho a 17 May 1994 MCP inagonja kwa UDF ya a Bakili Muluzi, ndipo kumpoto mipando yonse inapita ku AFORD ya a Chihana. Cuma cacikulu ca wosewera wodzudzula ndi cakuti anthu amukhulupirira kuti alibe mbali, ndipo cimeneco cikapita sicibwera msanga. Nkhani imeneyi si ya ku Malawi kokha. Kuno nakonso caka ca masankho cikafika timaona oimba ndi osewera avala zovala za zipani, ndipo mu 2023 woimba Pilato, amene anagonapo m'maselo cifukwa ca nyimbo zake, anapatsidwa udindo wa mlembi wamkulu woona za luso mu unduna wa dzina lofanana ndi uja wa Du. Mtsutso wakuti waluso acita zambiri ali mkati kapena ali kunja sunathe.

Unduna utatha Du anabwerera ku Wakhumbata napitiriza kulemba ndi kusewera. Koma ndale zinali zisanamutuluke m'magazi. Mu 1998 analowa UDF ndipo anali kukonzekera kukaima kwao ku Karonga pa masankho a 1999. Matenda anamupeza masankho asanafike. Anapitirira zaka za atate ake ndi zitatu zokha.

Kampani yomangidwa pa munthu mmodzi nthawi zambiri imalowa naye m'manda. Wakhumbata siinafe tsiku lomwelo cifukwa Du anali atasula anthu. Pa kampani yosewera tsiku ndi tsiku munthu saphunzira kusewera kokha. Amaona mmene sewero lilembedwera ndi kukonzedwa, mmene akambirana ndi mwini holo, mmene awerengera ndalama za pa geti usiku ndi kuzigawa, mmene ayankhira bungwe likadula mizere. Sukulu yotere ilibe satifiketi, koma ndi imene inatulutsa Gertrude Webster Kamkwatira. Mai ameneyu anali wosewera wamkulu wa Wakhumbata, ndipo Du atamwalira ndiye anatenga utsogoleri wa kampaniyo. Pambuyo pake anacoka nayambitsa yake, Wanna-Do Ensemble Theatre. Analemba masewero oposa khumi, monga It's My Fault, lokamba za nkhanza za m'banja, Jesus' Retrial ndi Breaking the News. Anatsogoleranso bungwe la osewera a dziko lonse la National Theatre Association of Malawi. Kumbukirani kuti ili ndi dziko limene mpaka kuciyambi kwa zaka za m'ma 1990 lamulo linali kuletsa mkazi kuvala buluku, ndipo makolo ambiri anali kuona mtsikana wokwera pa siteji ngati wotayika. Kuti mkazi akhale mwini kampani, wolemba ndi wolipira amuna malipiro sicinali cinthu cacing'ono. Naye sanakhalitse, anamwalira mu 2006.

Apa ndi pamene kamera ilowera. Pofika zaka zimenezo zinthu zinali zitasintha. TV inali itafika, mafilimu a ku Nigeria anali atadzaza m'tumanyumba toonetsera mavidiyo m'misika, ndipo makamera a digito anachipa kufikira poti munthu wosadalira boma kapena kampani yaikulu angathe kujambula filimu yathunthu. Zomwezi zinapha geti ya masewero, cifukwa munthu amene ali ndi DVD kunyumba saona cifukwa cokwerera minibasi usiku kupita ku holo. Amene anakulira pa siteji anayenera kusankha, kutsalira m'maholo opanda anthu kapena kutsata anthuwo kumene anapita.

Joyce Mhango Chavula ndi mmodzi wa amene anatsata. Anayambira pa mpikisano wa ATEM womwe uja, napita m'magulu angapo kuphatikizapo Wanna-Do ya Kamkwatira. Mu 2009 anasiya nchito ya mu ofesi nayambitsa kampani yake ya masewero, Rising Choreos, kenaka nayamba kupanga mafilimu. Filimu yake yochedwa Lilongwe inapata mphoto ya filimu yopambana ya kum'mwera kwa Africa pa Africa Magic Viewers' Choice Awards ku Lagos mu 2016. Mukalondola mzerewu mupeza mnyamata wa pa HHI amene anasonkhanitsa anzake mu 1983, mai amene anaphunzira nchito m'kampani yake, ndi mai wina amene anaphunzira kwa mai ameneyo nanyamula kamera. Si onse opanga mafilimu ku Malawi anadzera njira imeneyi. Shemu Joyah, amene anapanga Seasons of a Life, The Last Fishing Boat ya 2012 ndi The Road to Sunrise ya 2017, nchito yake yoyamba ndi yopima malo. Koma ngakhale wotere akafuna anthu oima patsogolo pa kamera amakawatenga kwa amene anazolowera siteji.

Kuno kwathu zinayendanso motero. Pamene Kabanana inali kutseka anthu m'nyumba madzulo, ndi pamene Muvi TV inayamba masewero ake a Cinyanja, nkhope zambiri zinacokera m'magulu a masewero ndi pa Lusaka Playhouse. Malemu Augustine Lungu, amene anatisiya mu 2009, anali munthu wa pa siteji asanakhale wa pa TV. Kusiyana kwake ndi manje ndi kwakuti wacinyamata wa lero amayambira pa foni ali yekha. Safunika holo, safunika cilolezo ca munthu, ndipo zimenezo ndi zabwino. Koma alibenso wamkulu womubweza kuti mzere uwu waukamba molakwa, bwereza, kapena womuonetsa mmene nkhani ya ola lathunthu imangidwira kuti isagwe pakati. Nkaona tili ndi tumavidiyo twa mphindi imodzi tosawerengeka, koma olemba nkhani yaitali ndi owerengeka.

Du anasiyanso ana a magazi amene analowa nchito yomweyi. Mmodzi wa iwo, Thlupego Chisiza, anatsogolera gulu la Lions Theatre. Mu December 2011, mu ulamuliro wa a Bingu wa Mutharika, anali kuonetsa mu Blantyre sewero lochedwa Semo, limene analemba pamodzi ndi Robert Chasowa, wophunzira wa pa Polytechnic amene anapezeka atafa pa sukulupo mu September caka comweco. Apolisi analowa sewero lili mkati namutenga pa siteji anthu akuona. Mlandu unali wakuti sanapereke seweroli ku bungwe loona zoyenera kuonetsedwa, pansi pa lamulo lomwe lija la 1968 limene atate ake analimbana nalo, ndipo khoti linamulipiritsa faindi.